Phala la mu Rumu Naini

Ana anga, za ubwana wanga munazimva kale mpaka kutopa nazo. Pano ndilemba za ntchito, chifukwa ndi kumene ndinathera mphamvu zanga, ndiponso ndi kumene ndinalakwitsa chinthu chimodzi chimene sindinakuuzenipo. Mumandidziwa ngati mayi wosakonda kufunsa nzeru kwa munthu. Werengani muone kumene khalidwe limeneli linandifikitsa.

Ndili ndi zaka makumi awiri ndi chimodzi

Ntchito yanga yoyamba inali yoyala mabedi pa resitihausi ina ku Limbe, kufupi ndi pokwerera mabasi. Bwana wake anali bambo wamfupi, wosaseka, amene ankayendetsa chala pamwamba pa chitseko kufuna fumbi, ndipo akalipeza ankakupaka pachipumi kuti uyende nalo tsiku lonse. Sopo ankadula ndi ulusi, mtanda umodzi tizidutswa tisanu ndi kamodzi, aliyense kake ka sabata yathunthu. Ndinadana naye zaka zitatu zonse zoyamba, koma ndi iyeyo amene anandiphunzitsa ntchito. Tsiku lina ndinanong'oneza mnzanga wochapa kuti bambo wa mu rumu folo wabwera ndi mkazi wina, osati uja wa sabata yatha. Sindinadziwe kuti bwana ali kuseri kwa mashiti amene tinayanika. Anangotulukira n'kufunsa kuti, "Iwe Agnesi, ndinakulemba ntchito yoyala mabedi kapena yowerenga akazi a anthu?" Sanandichotse. Anangonena kuti wantchito wa m'nyumba ya alendo amakhala ndi maso, pakamwa amasiya kwawo. Patapita nthawi anaona kuti ndimalemba bwino, ndipo anandiika pa kauntala kuti ndizisunga buku la alendo. Ndinakhala pamenepo zaka zina zisanu ndi chimodzi.

Ndili ndi zaka makumi atatu

Bambo anu atamwalira ndinabwerera kwathu ku Chiradzulu kuti ndikhale pafupi ndi munda wa mayi anga. Nthawi imeneyo Che Amidu, wamalonda wogula nandolo, anali ndi loji ya zipinda khumi ndi zinayi chapafupi ndi pa Njuli, kungopatuka pang'ono pamsewu wa tala. Ankafuna munthu wodziwa kauntala, ndipo anandilemba tsiku lomwe ndinapita. Alendo athu anali madalaivala, ogula mbewu, aphunzitsi obwera ku misonkhano, ndi anthu a m'tauni obwera kumaliro amene ankaopa kugona pamphasa. Che Amidu anali munthu wofatsa, wa mawu ochepa. Koma sindinachedwe kuzindikira kuti mwini lojiyo weniweni anali mkazi wawo, Abiti Yusufu, mayi wamtali amene makiyi onse ankakhala m'chiuno mwake.

Nditatha miyezi itatu, Abiti Yusufu ananditenga kupita kuseri, pafupi ndi khichini. Kumeneko kunali rumu naini, chipinda chokhacho chimene chitseko chake chinayang'ana kunthochi m'malo moyang'ana pabwalo.

"Mayi Makwinja, ndakuonani kuti pakamwa panu mpolemera, ndiye ndikuuzani," anatero. "Chipinda ichi si cha malonda. Mkazi akathawa kumenyedwa amafuna pogona masiku awiri kapena atatu, kudikira kuti ankhoswe ake afike. Akapita kwa mayi ake, mwamuna amayambira komweko kufufuza. Akapita kwa mnzake, mnzakeyo nayenso ali ndi mwamuna wolamula nyumba. Muno ndi mmene mwamuna sangaganize. M'buku mwanumo muzingolemba kuti chikukonzedwa."

"Nanga Che Amidu akudziwa?" ndinafunsa.

"Akudziwa kuti denga lake limadontha. Chino ndi chaka chachisanu ndi chiwiri likudontha, ndipo sanakwerepo kuti akaone."

Mmene zinkayendera ndi chonchi. Mkazi ankalowera khomo la kukhichini ngati wobweretsa matimati. A Dorofe, ophika athu, ankamulowetsa mu rumu naini n'kudzandiuza kuti denga layambanso. Uthenga unkapita kwa malume ake kudzera mwa azimayi ogulitsa ndiwo, osati pa foni, osatinso mwa a kabaza. Ankhoswe akafika, mkaziyo ankatuluka nawo, ndipo nkhani inkakambidwa poyera, mwamuna atakhala pansi pamaso pa akuluakulu a mbali zonse ziwiri. Ena ankabwerera kubanja, ena banja linkathera pomwepo, zimenezo sizinali zathu. Chathu chinali chakuti mwamuna asamupeze ali yekha mkwiyo usanazizire. Ankabwera Asilamu, ankabweranso Akhristu. Pachaka mwina asanu, mwina awiri, ndipo pa zaka zonse zimene ndinkasunga buku palibe amene anapezeka.

Zovuta zina zinalipo monga mwa ntchito iliyonse. Kunali chaka china chimene mipopi inauma miyezi iwiri ndipo tinkatungira alendo madzi osamba pamjigo. Kunali nthawi imene mafuta a jenereta anasowa, mafiriji n'kusanduka makabati. Zimenezi tinkapirira ndipo lero timaziseka. Chimene chinandigwetsa mphwayi ndi imfa ya Abiti Yusufu. Nditapita kukawaona akudwala, anandigwira dzanja n'kungonena kuti, "Rumu naini muisamale." Sananene kuti ndisauze munthu. Mawu amenewo ndinawonjezera ndekha, ndipo ndinawasunga ngati kuti anatuluka pakamwa pawo.

Ndili ndi zaka makumi asanu ndi zinayi

Chaka chimenecho Zainabu, mwana wamkazi wa Che Amidu, anasiya ntchito ku Lilongwe n'kubwera kudzathandiza bambo ake amene anali atakalamba. Ndinamudziwa ali wamng'ono akusewera pansi pa kauntala yanga, ndipo ankanditchula kuti amayi. Anabwera ndi nzeru zambiri, zina zabwino ndithu. Anapeza kuti mabuku athu akale achita nkhungu, ena chiswe chalowamo. Kenaka ine ndemwe ndinalakwitsa. Ndinalonjeza zipinda zomwezo kwa aphunzitsi a msonkhano ndi kwa anthu a ukwati sabata imodzimodzi, chifukwa wina ndinamulemba m'buku, wina pakapepala kamene kanagwera kuseri kwa kabati. Tinachita manyazi, mpaka alendo ena kukawagoneka kusitolo ya Che Amidu. Zainabu sanandikalipire. Anangonena kuti nthawi ya buku yatha, tigule pulogalamu ya kompyuta yoyendetsera loji.

Panali njira ziwiri. Yoyamba inali imene Zainabu ankaifuna, ankaitchula kuti kilaudi. Zonse za alendo zinkasungidwa pa intaneti, m'makompyuta a kampani yakutali, ife n'kumalipira mwezi ndi mwezi ndi kumalowamo pa foni kapena pa kompyuta iliyonse. Yachiwiri inali ya a Bonifasi, bambo wa sitolo yokonza mafoni ndi makompyuta pa Njuli pomwepa. Iwo ankati atiikira pulogalamu m'kompyuta imodzi ya pa kauntala, tigula kamodzi basi, zonse zizikhala m'bokosi lomwelo popanda intaneti. Che Amidu anamvetsera mbali zonse ziwiri atatsinzina, kenaka anati, "Ine zamakinazi zinandipita. Amene amakhala pa kauntala ndi Mayi Makwinja. Asankhe okha, chimene anene ndi chomwecho."

Zainabu anakhala nane masana onse akundionetsa pa foni yake. Anati mphenzi ikawotcha kompyuta, kapena akuba akaitenga, palibe chimene chimatayika. Anati munthu wa ku Mzuzu akhoza kusungitsa chipinda ali kwawo. Anati ikavuta, akampani amakonzera komweko, sitidikira munthu. Ndinkagwedeza mutu chifukwa zonsezo zinali zoona, ndipo ine amene ndinagoneka alendo pamatumba a nandolo ndinalibe pakamwa potsutsira. Kenaka anati, "Ndipo amayi, chilichonse chimaoneka. Ndili ku Blantyre ndikhoza kudziwa kuti chipinda chakuti muli munthu, walowa liti, wadya chiyani."

Ndinafunsa msanga kuti, "Amaona ndani zimenezo?"

"Aliyense amene tamupatsa chilolezo."

Pamenepo mpamene ndinayenera kufunsa funso lachiwiri, koma sindinafunse. M'mutu mwanga ndinaona achimwene ake a Zainabu, alamu ake, ndi anthu osadziwika a kampani ija, onse atagwira mafoni akuyang'ana mu rumu naini. Ndinaonanso munthu wa ku Mzuzu akusungitsa chipindacho tsiku limene muli mkazi wotupa maso. Ndinaganiza zomuuza Zainabu, ndipo kawiri konse ndinafika pakhomo la ofesi yake. Koma ndinadziuza kuti mwana wa sukulu sangamvetse, adzafuna kuti zilembedwe, adzanena za malamulo ndi za apolisi, mwina adzauza bambo ake n'kuwachotsera mwayi wosadziwa. Kunena zoona, panalinso kunyada. Abiti Yusufu anasiyira ine chinthu chimenechi, osati mwana wawo, ndipo ndinkakondwa nazo mumtima. Ndinavutika sabata yathunthu, kudya osakumva kukoma.

Lolemba lake ndinati ndasankha ya a Bonifasi. Chifukwa chimene ndinapereka chinali cha netiweki, kuti nthawi ya mvula imathawa, ndiye tidzatani mlendo ataima pa kauntala.

Zainabu anandiyang'ana m'maso. "Amayi, netiweki ya pano ndi yabwino kuposa kumene ndinkakhala ku Lilongwe. Ndipo ikathawa tikhoza kulemba papepala ola limodzi. Pali china chimene simukundiuza?"

"Palibe, mwanawe."

"Chabwino. Bambo anati musankhe ndinu."

Kuyambira tsiku limenelo anasiya kunditchula kuti amayi, anayamba kuti a manijala. Zinandiwawa kwambiri, koma ndinadzitonthoza kuti ndavutikira chinthu chabwino.

Patapita zaka ziwiri

Ndisanamizire makina a Bonifasi, ankagwira ntchito bwino. Bokosi lake linkakhala pansi pa kauntala pafupi ndi mawondo anga, ndipo ndinaliphimba ndi kansalu koluka kuti lisalowe fumbi. Zolonjeza chipinda chimodzi kwa anthu awiri zinatheratu. Zainabu anaika lamulo lakuti kanthu kalikonse kasatuluke m'sitolo ya khichini kasanalembedwe m'kompyuta kuti kakupita chipinda chiti, chifukwa shuga ndi mafuta zinkayenda zokha. Linali lamulo labwino. Motero rumu naini ikakhala ndi munthu, pamalo a mlendo ndinkalemba kuti ikukonzedwa monga mwa kale, koma chakudya chake ndinkachilemba pa nambala yake yomweyo kuti a Dorofe apatsidwe ufa. Zainabu ankangoona chiwerengero cha zonse pamodzi pakutha pa mwezi, sankatsegula chipinda ndi chipinda. Sindinkada nkhawa, poti zonse zinali m'bokosi langa.

Esinati anabwera Lolemba m'mawa, mwezi wa mvula, atabereka mwana wa miyezi isanu ndi itatu. Anali mtsikana wa ku Mauwa, wokwatiwa ndi bambo wina woyendetsa njinga yamoto ya kabaza, ndipo ankachita lendi kuseri kwa msika wa pa Njuli. Diso lake limodzi linali litatsekeka. Sanalire. Anangopempha madzi ofunda osambitsira mwana, n'kufunsa ngati angathandize kutsuka mbale kuti asadye zaulere. Tinatumiza uthenga kwa malume ake ku Mauwa, ndipo yankho linabwera lakuti ali kumaliro kutsidya, afika Lachinayi masana. Ndinamuuza kuti, "Masiku atatu okha, mwana wanga. Muno palibe anapezekapo." Ndinanena ndi mtima wonse chifukwa zinali zoona.

Lachiwiri madzulo kunagwa mvula ya mabingu. Lachitatu m'mawa kompyuta inakana kuyaka. Tinali ndi alendo a msonkhano odzaza zipinda khumi, ndipo mayina awo onse anali m'bokosi lija. Wodziwa kulitsegula anali mmodzi yekha, ndiye ndinaitana a Bonifasi. Anabwera ndi kachikwama kawo, n'kukhala pampando wanga maola atatu, ine ndikuthamanga uku ndi uko ndi alendo. Atasintha chimene chinapsa, anayamba kutsegula masamba a pulogalamuyo limodzilimodzi kuti aone ngati palibe chatayika. Ndinamva akuseka okha.

"Mayi Makwinja, rumu naini yanuyi ndi yodabwitsatu. Akuti ikukonzedwa, koma ikumadya phala la mwana m'mawa ndi madzulo. Akalipentala anuwo ndi makanda eti?"

Ndinati ndinalakwitsa nambala polemba, ndi za mlendo wa mu rumu sikisi. Iwo anati ukalamba ndi wotero, n'kutseka chikwama chawo akusekabe. A Bonifasi sanali munthu woipa. Anali wokonda nthabwala basi, ndipo sitolo yawo inali moyang'anizana ndi pamene a kabaza amaimika njinga kudikira anthu. Ndinaganiza zowathamangira kuti ndiwapemphe asunge pakamwa, koma ndinaona kuti ndikatero ndiye ndawauza zonse. Ndinaganizanso zomusamutsa Esinati, koma ndikanapita naye kuti masana dzuwa likuswa mtengo, ndi mwana kumbuyo, mwamuna wake ali pamsewu ndi njinga? Ndinadziuza kuti latsala tsiku limodzi lokha, ndipo ndinangokhala chete monga mwa chizolowezi changa. Ndinamva pambuyo pake kuti madzulo omwewo nthabwala ya chipinda chodya phala inali itazungulira siteji yonse ya a kabaza, ndipo mmodzi mwa omvera anali bambo amene anali atatha masiku atatu akufunafuna mkazi ndi khanda.

Anabwera Lachinayi cha m'ma leveni, iye ndi abale ake awiri. Akanabwera akukuwa bwenzi zili bwino, chifukwa alonda akanawatulutsa. Koma anabwera mwaulemu, anavula zipewa, n'kupereka moni kwa Che Amidu amene anakhala pakhonde.

"Bwana, pepani tasokoneza. Tamva kuti mkazi wathu ali pano ndi mwana. Tabwera kudzamutenga, mwana akudwala, akufunika mankhwala ake."

Che Amidu anatembenuka n'kuyang'ana ine. Ndinati kuno kulibe mkazi wa munthu, ndi malo a alendo, ndipo ngati akufuna chipinda alipire. Mwamuna uja anamwetulira n'kunena kuti, "Ndiye tingoona nawo mu rumu naini mmene akukonzeramo, amayi." Apo n'kuti anthu atayamba kuunjikana pageti, alendo a msonkhano nawonso atatuluka kudzamwa tiyi pabwalo. Ndinaima pakanjira kopita kuseri n'kunena kuti adutsa pa ine. Ndikuganiza kuti ndikanalimba mpaka malume aja kufika, chifukwa mwamuna sangakankhe mayi wa imvi pamaso pa anthu. Koma Esinati anali akumva zonse. Anatulukira kunthochi kuja mwana ali kumbuyo, kathumba kake kali m'manja.

"Amayi, musavutike," anatero chapansipansi. "Ndisakuchititseni manyazi pantchito panu. Mwandisunga mokwanira."

Ndinamugwira pamkono. "Malume ako ali panjira. Dikira maola awiri okha."

"Za m'banja tikakambirana kunyumba," anatero mwamuna uja. "Malumewo akatipeza komweko, nyumba akuidziwa."

Esinati anachotsa dzanja langa pang'onopang'ono, n'kukwera njinga. Malume ake anafika cha m'ma thuu pa njinga yakapalasa, thukuta lili kamukamu, ndipo nditawauza anatembenuka osamwa ngakhale madzi. Anakapeza nyumba yokhoma. Mwamunayo anali atapita naye kwa abale ake kumudzi wina. Lachisanu tinamva kuti Esinati ali kuchipatala.

Sabata yomweyo

Loweruka ndinalowa mu ofesi ya Zainabu n'kutseka chitseko. Ndinamuuza zonse kuyambira tsiku limene mayi ake anandionetsa chipindacho. Anamvetsera osandidula mawu, misozi ikutsika, osaipukuta.

"Mayi anga ankachita zimenezi zaka zonsezi, ine osadziwa?"

"Ankachita."

"Ndiye chifukwa chake munakana kilaudi?"

"Ndinkaopa kuti anthu aziona."

Zainabu analankhula mosakweza mawu, koma ndikanakonda akanandikalipira. "Mukanandifunsa, amayi. Mmenemuja aliyense amaona zokhazo zimene wapatsidwa kuti aone. Rumu naini ndikanangoisiya kunja, loji n'kulembedwa kuti ili ndi zipinda khumi ndi zitatu. Phala lake tikanalipezera pena polilemba. Ndipo ikawonongeka palibe munthu wa pa Njuli amene amabwera kudzakhala pampando wanu. Ngakhale m'makina a Bonifasi omwewa ndikanatha kuichotsa. Inali ntchito ya mphindi zisanu."

Akuluakulu anati safunsa anadya phula, koma phula limene ndinalitola ine anadya ndi mwana wa eni. Ndakhala ndikuganiza za nkhaniyi zaka zonsezi, ndipo chimene ndinachiona mochedwa ndi ichi. Ine ndinkaopa anthu akutali, a kampani imene sindinaionepo, kuti adzawerenga za alendo anga. Mwina akanawerengadi, sindikudziwa, ndipo mpaka lero sindikondwa kuti mayina a anthu azisungidwa kumene sindingafikeko. Koma munthu wakutaliyo akanaona phala la mu rumu naini sakanadziwa kuti pa Njuli pali mwamuna amene akusaka mkazi wake. Wodziwa zimenezo ndi wapafupi, amene timagula naye matimati pamsika umodzi. Buku lakale lija linkasunga chinsinsi chifukwa silinkafuna wolikonza. Ine ndinatenga bokosi la a Bonifasi ngati buku, osaganiza kuti tsiku lina lidzafuna munthu woti alitsegule.

Chaka chotsatira tinasamukira pa kilaudi. Ndinaphunzira movutikira, zala zanga zinali zitauma, ndipo netiweki inkathawadi nthawi ya mvula monga ndinanenera, moti tinkasunga kope pambali. Mwezi uliwonse Che Amidu ankadandaula za malipiro ake. Koma zonse zinkayenda, ndipo Zainabu anachita monga ananenera, rumu naini sinalowemo. Anaikonza bwino, anagula bulangete latsopano ndi kabedi ka mwana. Anapitanso yekha kukalankhula ndi azimayi ogulitsa ndiwo kuti khomo la kukhichini likadali lotsegula. Iwo anavomera mwaulemu. Koma mbiri inali itamveka kale kuti pa loji ya Che Amidu mwamuna amakupeza, ndipo kufikira tsiku limene ndinapuma pantchito, zaka zinayi pambuyo pake, palibe mkazi ndi mmodzi yemwe amene anabweranso.

Chaka chatha

Ndinapita ku Mbulumbuzi kukaona mdzukulu wa mchemwali wanga amene anabadwa kumene, ndipo pobwerera ndinadzera pamsika kuti ndigule nandolo wamuwisi. Mayi wina amene anayala thumba pansi anandiyang'ana, n'kudzuka, n'kugwada pang'ono. Anali Esinati. Pambali pake panali kamtsikana kovala yunifolomu ya sukulu. Anandiuza kuti banja lija linatha atatuluka m'chipatala, ankhoswe anagamula, ndipo anabwerera kwawo. Polankhula ankaphimba pakamwa ndi nsonga ya chitenje, koma ataseka chitenjecho chinatsika, ndipo ndinaona kuti mano awiri akutsogolo mulibe. Dzanja lake lamanzere silinkatambasuka bwino, moti nandolo ankayeza ndi dzanja limodzi.

Ndinali nditakonzekera mawu amenewa zaka zambiri. Ndinayamba kuti, "Esinati, za tsiku lija, pali chimene uyenera kudziwa."

Anandidula mwaulemu. "Amayi, musadandaule. Anthu ankanena zambiri, ena ankati munalandira kanthu kwa bambo ake a mwanayu. Ine ndinkawauza kuti ayi, mayi aja anaima panjira chifukwa cha ine. Ndikudziwa kuti sizinachokere kwa inu."

Ndinayang'ana kamtsikana kaja, ndinayang'ana dzanja lija. Ndinangofunsa mtengo wa nandolo. Anandiyezera milu iwiri, kenaka anatapanso wina ndi dzanja lake labwino lija n'kuthira m'jumbo mwanga.

"Uyu ndi wa basela, amayi. Inu simungagule ngati mlendo."

Ndinalandira ndi manja awiri, n'kuthokoza, n'kupita kukakwera minibasi. Mpaka lero sindinamuuze.